Maapozi, Soseji ndi Mazira M'mbale Imodzi: Mafunso ndi Mayankho pa Casserole ya Kadzutsa

Ku United States ndi ku Canada, mwezi wa Seputembala ukamatha mphepo imayamba kuzizira, masamba a mitengo amafiira n'kuyamba kuyoyoka, ndipo m'misika mumadzaza maapozi, maungu ndi mbatata. Imeneyi ndiyo nyengo yawo ya masika. Pa nthawi yotereyi mabanja ambiri amakonda kuitana abale ndi anansi Loweruka kapena Lamlungu m'mawa, ndipo pakati pa tebulo pamakhala mbale yaikulu yotuluka mu uvuni, yomwe muli buledi, mazira, soseji, tchizi ndi zokolola za nyengoyo. Chakudyachi n'chosavuta, koma chimakoma kapena kulephereka malinga ndi zimene wophika wachita mbaleyo isanalowe pamoto. Mafunso otsatirawa akulongosola chifukwa chake.

Kodi chakudya chimenechi n'chotani kwenikweni?

Ndi buledi wodula tizidutswa, wosakaniza ndi nyama ndi zakumunda zophika kale, kenako wothiridwa mazira otakasa ndi mkaka, n'kuwotchedwa mu uvuni m'mbale yakuya. Buledi amamwa mazira ndi mkaka uja, ndipo moto ukagwira zonse zimamangana kukhala chinthu chimodzi chodulika ndi mpeni: pamwamba pofiirira ndi pouma pang'ono, m'kati mofewa. Ku America zakudya zambiri zowotchera m'mbale yomwe zidzaperekedwere patebulo amazitcha casserole, ndipo mtundu wa buledi ndi mazirawu ena amautcha strata.

Kuphika kotereku kunafala m'makhitchini a ku America m'zaka za m'ma 1900. Mu 1915 kampani ya Corning Glass Works inayamba kugulitsa mbale zagalasi za Pyrex, zopirira moto wa mu uvuni, ndipo mayi wa pakhomo anapeza chiwiya chimodzi chophikiramo, choperekeramo chakudya patebulo komanso chosungiramo zotsala. Mpaka lero maphikidwe ambiri a kumeneko amalembedwa poganizira mbale ya mainchi 9 m'lifupi ndi 13 m'litali, omwe ndi masentimita 23 ndi 33.

Chimadyedwa nthawi yanji, nanga n'chifukwa chiyani chimagwirizana ndi masika?

Chimadyedwa pa chakudya chotchedwa brunch, chimene chimalowa m'malo mwa kadzutsa ndi nkhomaliro pa tsiku lopuma, kuyambira cha m'ma 10 koloko mpaka dzuwa litapendeka pang'ono. Mu 1895 mlembi wa ku England, Guy Beringer, analemba m'magazini ya Hunter's Weekly kulimbikitsa anthu kuti Lamlungu azidya mochedwa chomwechi, momasuka ndi mocheza. Mwambowu unadzazika mizu kwambiri ku America. Popeza chakudyachi chili pakati pa m'mawa ndi masana, anthu amayembekezera kupezapo zotsekemera za pa kadzutsa komanso zamchere zokhutitsa za pa nkhomaliro. Casserole imeneyi imakwaniritsa zonse ziwiri m'mbale imodzi.

Kugwirizana kwake ndi masika kukuchokera kumunda. Maapozi ambiri a ku North America amathyoledwa kuyambira kumapeto kwa Ogasiti mpaka Okutobala, ndipo maungu ndi mbatata zimakololedwa nthawi yomweyo. Komanso ndi nyengo ya alendo: ku Canada chikondwerero cha Thanksgiving chimachitika Lolemba lachiwiri la Okutobala, pomwe ku United States chimachitika Lachinayi lachinayi la Novembala. Achibale ochokera kutali amagona pakhomo masiku angapo, ndipo mwini nyumba amafuna chakudya chokwanira anthu ambiri chimene sichimutsekera m'khitchini m'mawa wonse alendo ali okha pabalaza.

Kodi shuga ndi mchere sizilimbana m'kamwa?

Sizilimbana ngati chimodzi chatsogola, china n'kutsatira. Mchere pang'ono umaphimba kuwawa kwa chakudya ndipo umachititsa kuti kutsekemera kumveke bwino. Nakonso kutsekemera pang'ono kumafewetsa ukali wa mchere ndi kulemera kwa mafuta. Aliyense amene anadyapo futali akudziwa kale zimenezi: mbatata ndi yotsekemera payokha, koma ikakumana ndi nsinjiro ndi mchere m'pamene kukoma kwake kumakwanira.

Anthu a kumayiko ozizira anazizindikira kalekale. Ku England nyama yankhumba yowotcha imadyedwa ndi maapozi ophika osinja, ndipo kudera la New England ku America ambiri amadyera limodzi tchizi wa cheddar ndi chitumbuwa cha maapozi. Casserole yathuyi yangosonkhanitsa maubwenzi akalewo pamalo amodzi.

Lamulo lake n'lakuti mchere ndiwo mwini nyumba, kutsekemera ndi mlendo. Soseji, tchizi ndi mazira ndizo ziyenera kumveka poyamba, kenako apozi kapena mbatata n'kudutsa pa lilime mwa apo ndi apo. Mukachulutsa shuga, chakudyacho chimasanduka keke yokhala ndi nyama m'kati, ndipo munthu amagwa nacho ulesi asanamalize mbale. Pamafunikanso chachitatu chogwirizanitsa ziwirizi, chomwe ndi kuwawasa pang'ono. Kumeneku kumachokera mu apozi wowawasa ndi mu supuni imodzi ya mustard.

Pamafunika zinthu ziti, ndipo zochuluka bwanji?

Pa mbale ya masentimita 23 ndi 33, yokwanira anthu 8, konzani izi: buledi magalamu 450, mazira 8, mkaka wosachotsa mafuta mamililita 600, soseji yaiwisi magalamu 450, mbatata zofiira m'kati kapena dzungu la butternut magalamu 500, kuyeza mutasenda, maapozi awiri, anyezi wamkulu mmodzi, tchizi wa cheddar wopala magalamu 200, manyuchi a maple masupuni aakulu atatu, masamba a sage oduladula supuni yaikulu imodzi, mustard supuni ya tiyi imodzi, mchere supuni ya tiyi imodzi, tsabola wakuda theka la supuni ya tiyi, ndi sinamoni wongotsina ndi zala. Mufunikanso batala wopaka m'mbale ndi mafuta ophikira pang'ono.

Sage ndi tsamba lonunkhira limene limapatsa soseji ya kadzutsa ya ku America fungo lake lodziwika. Mukagula soseji yomwe muli kale sage, chepetsani wothira nokha. Akasowa, thyme kapena rosemary pang'ono amagwira ntchito. Sinamoni yekha musamalitseni: akachuluka, fungo lake limauza mphuno kuti mukudya zotsekemera, ndipo nyama imamveka ngati yasochera.

Ndi buledi wotani woyenera, nanga n'chifukwa chiyani amafunika wouma?

Buledi ndiye mafupa a chakudyachi. Wabwino ndi wolimba thupi, wokhala ndi khungu lokhuthala, monga wa sourdough kapena wa chi French. Ofuna chofewa ndi chotsekemererako amasankha brioche kapena challah, amene amaphikidwa ndi mazira ambiri. Buledi wofewa wa m'pepala, wodula kale mopyapyala, amasungunuka msanga. Ngati ndi yekhayo amene alipo, gulani wosadula, mudule nokha tizidutswa ta masentimita awiri kapena atatu mbali zonse.

Buledi watsopano amakhala kale ndi chinyezi chambiri, choncho alibe malo olandirira mazira ndi mkaka. Mukamuthira zamadzi, kunja kwake kumasanduka phala pomwe zotsala zimaima pansi pa mbale. Wouma amamwa mpaka pakati koma osataya maonekedwe ake. Njira yodalirika ndiyo kuyanika tizidutswato pa thireyi mu uvuni wa madigiri 150 kwa mphindi 10 mpaka 15, mpaka timveke touma m'manja koma tisanafiire. Kuumitsa pamoto kumaposa kungosiya buledi agone masiku, chifukwa buledi wogona amalimba chabe koma madzi ambiri amakhala adakali m'kati mwake. Wopanda uvuni akhoza kuumitsa pa chiwaya chouma, pamoto wochepa, akutembenuza.

Bwanji osangoika zonse zaziwisi m'mbale, poti uvuni uziphika?

Apa m'pamene ambiri amaphonya. Mazira amapsa pa kutentha kochepa, ndipo m'kati mwa casserole simutentha kufika ngakhale pamene madzi amawira. Kutentha kumeneko sikungafewetse mbatata yaiwisi m'mphindi 50, sikungafiiritse nyama, ndipo sikungaumitse madzi otuluka mu anyezi ndi maapozi. Zotsatira zake ndi mbatata yolimba, nyama yotuwa, ndi madzi oyandama pansi pa mbale amene amasungunula mazira.

Kuphika chilichonse pachokha kumachita zinthu ziwiri. Choyamba, madzi osafunika amachoka ngati nthunzi chakudya chisanalowe m'mbale. Chachiwiri, pamene nyama kapena anyezi zakhudza chiwaya chotentha kwambiri, shuga ndi zomanga thupi zili m'menemo zimagwirizana n'kupanga mtundu woderako ndi fungo la chowotcha. Wasayansi wa ku France, Louis-Camille Maillard, ndiye analongosola zimenezi mu 1912. Kusintha kumeneku kumafuna malo otentha ndi ouma, zimene sizipezeka pakati pa mazira ndi mkaka.

Choncho fumulani soseji m'chikopa chake, muiphwanye pa chiwaya chotentha, ndipo muisiye kaye osaitakasa mpaka pansi pafiire. Ikapsa ichotseni, musiye mafuta okwana supuni yaikulu imodzi. M'mafuta omwewo kazingani anyezi kwa mphindi 8 mpaka 10, kenako thirani maapozi ndi sage kwa mphindi zina zitatu kapena zinayi. Zomatirira pansi pa chiwaya musazitaye. Zipaleni zilowe mu anyezi, chifukwa m'menemo ndimo mwadzaza kukoma.

Chabwino n'chiti pakati pa mbatata ndi dzungu?

Zonse n'zabwino, koma zimasiyana khalidwe. Mbatata yofiira m'kati, yomwe ku United States imalimidwa kwambiri m'chigawo cha North Carolina, ndi yotsekemera kwambiri ndi yokhutitsa. Mu mbatata muli enzaimu imene imasandutsa sitachi kukhala shuga pamene mbatatayo ikutentha pang'onopang'ono, makamaka pa madigiri apakati pa 60 ndi 75. N'chifukwa chake mbatata yowotcha imatsekemera kuposa yoponya m'madzi owira. Mukasankha mbatata, mukhoza kuchepetsa manyuchi ndi supuni imodzi.

Dzungu la butternut ndi lofatsa pa kutsekemera, ndipo lili ndi mnofu wolimba wosaphwanyika msanga. Maungu ena, makamaka aakulu amadzimadzi, amafunika kuwawotcha nthawi yotalikirapo kuti aphwe.

Chilichonse chimene mwasankha, dulani tizidutswa ta sentimita imodzi ndi theka, pakani mafuta ndi mchere pang'ono, yalani pa thireyi mosaunjika, n'kuwotcha pa madigiri 200 kwa mphindi 20 mpaka 25. Mukaunjika, tizidutswato timaphikana ndi nthunzi m'malo mofiira. Tichotseni pamene foloko ikulowa koma tisanaphwanyike, chifukwa tidzabwereranso pamoto.

Kuno kwathu mbali imeneyi ndiyosavuta. Mbatata zofiira m'kati, monga Kadyaubwerere, zimalimidwa m'Malawi ndipo zimathandiza thupi kupeza vitamini A. Maungu ndi mbatata zimachuluka kuyambira Epulo mpaka Juni, pamene kunja kumayambanso kuzizira, ndiye kwa ife nyengo yoyenera chakudyachi ndi imeneyo.

Kodi apozi aliyense angagwire ntchito?

Ayi. Apozi wofewa, waufaufa, amasungunuka pamoto n'kusiya madzi otsekemera okha. Wofunika ndi wolimba, amene amakhalabe chidutswa akapsa. Granny Smith, wobiriwira uja amene anatulukira ku Australia m'munda wa Maria Ann Smith mu 1868, ndi wowawasa ndi wolimba, ndipo amadula bwino mafuta a soseji ndi tchizi. Amapezekanso m'masitolo ambiri a kum'mwera kwa Africa chifukwa amalimidwa ku South Africa. Honeycrisp, amene akatswiri a pa University of Minnesota anamutulutsa mu 1991, ndi wotsekemera kwambiri komanso wamadzi, ndipo anthu a ku America amamukonda zedi. Ophika ambiri amatenga mmodzi wowawasa ndi mmodzi wotsekemera kuti supuni iliyonse izimveka mosiyanako.

Kusenda kapena kusasenda zili kwa inu. Khungu limathandiza chidutswa kusaphwanyika ndipo limakongoletsa mbale, koma ana ena salikonda. Chofunika ndi kukazinga maapoziwo mwachidule chabe, m'mbali mungofewa, pakati padakali polimba.

Manyuchi a maple ndi chiyani, ndipo akasowa tingatani?

Ndi madzi a mtengo wa maple owiritsidwa mpaka kukhuthala. Alimi amaboola mitengoyo kumapeto kwa nyengo yachisanu, pamene usiku kumaundana koma masana kumafunda, ndipo madzi amadontha kudzera m'timipope. Madziwo amakhala ndi shuga wochepa kwambiri, moti pamafunika malita pafupifupi 40 kuti papezeke lita imodzi ya manyuchi. N'chifukwa chake ndi odula. Chigawo cha Quebec ku Canada chimapanga pafupifupi magawo 7 mwa magawo 10 alionse a manyuchi a maple a padziko lonse, ndipo ku United States chigawo cha Vermont ndicho chimatsogola. Ngakhale amakololedwa m'miyezi ya Febuluwale mpaka Epulo, amasungika chaka chonse, ndipo fungo lawo lokhala ngati la shuga wopsereza pang'ono limayenderana ndi zakudya za m'masika.

Pogula werengani botolo, chifukwa manyuchi ambiri otchipa othira pa zitumbuwa ndi opangidwa ku chimanga, ongowonjezeramo fungo. Maple akasowa, uchi umalowa m'malo bwino, koma ndi wotsekemera kwambiri, choncho masupuni awiri akwanira m'malo mwa atatu. Kumbukirani kuti uchi saupereka kwa mwana wosakwana chaka chimodzi, ngakhale utaphikidwa. Shuga wabulauni masupuni awiri nayenso amatheka.

Kathiridwe kake kali ndi nzeru. Supuni imodzi yokha ndiyo ilowe m'mazira. Yachiwiri ithireni pa maapozi akamakazingika, ndipo yachitatu muiwaze pamwamba casserole ikatuluka mu uvuni. Mukatero kutsekemera kumakhala m'malo ake m'malo mofalikira mbale yonse.

Nanga zonsezi zimasonkhanitsidwa bwanji?

Dikirani kaye zophikazo zizizire, chifukwa soseji yotentha imayamba kuphika mazira nthawi isanakwane. Pakani batala m'mbale mpaka m'makona. M'beseni lalikulu sakanizani buledi, soseji, anyezi, maapozi, mbatata ndi magawo awiri mwa atatu a tchizi, n'kukhuthulira m'mbale muja. M'chiwiya china takasani mazira, mkaka, mustard, manyuchi, mchere, tsabola ndi sinamoni mpaka choyera cha dzira chisaonekenso pachokha. Thirani pang'onopang'ono kuzungulira mbale yonse, kenako kanikizani ndi chikhatho kapena supuni yaikulu kuti kachidutswa kalikonse kanyowe. Tchizi wotsala sungani padera. Adzawazidwa pamwamba nthawi yowotcha.

Muyeso wa mazira ndi mkaka ndi wofunika kuusunga: dzira limodzi pa mamililita 75 a mkaka. Mazira akachuluka, chakudya chimalimba n'kumanunkha dzira lokazinga. Mkaka ukachuluka, sichimangana ndipo chimayenderera podula. Zamadzi zifike pafupi ndi pamwamba pa buledi koma zisamumize, chifukwa nsonga zotulukira kunja ndizo zimafiira n'kuuma bwino.

Kodi n'kofunikadi kuti igone usiku wonse m'firiji?

Kugona ndiko kumapatsa chakudyachi ulemerero wake. M'maola 8 mpaka 12 buledi amamwa mofanana mpaka pakati, ndipo fungo la sage, anyezi ndi nyama limalowerera paliponse. Phindu lina ndi la wophika: ntchito yonse yolemetsa imatha madzulo, ziwiya zimatsukidwa, ndipo m'mawa chimatsala n'kuyatsa uvuni basi. Mayi kapena bambo amene waitana alendo amakhala nawo pansi n'kucheza, m'malo moonekera pakhomo la khitchini ali thukuta kamukamu. Musapitirire maola 24, chifukwa buledi amayamba kusungunuka.

Koma mazira aawisi, mkaka ndi nyama sizigona pabwalo. Firiji iyenera kukhala pa madigiri 4 kapena kutsika. Dipatimenti ya zaulimi ya ku United States, USDA, imalangiza kuti chakudya chotere chisakhale kunja kwa firiji kupitirira maola awiri, kapena ola limodzi ngati kunja kwatentha kuposa madigiri 32. Imanenanso kuti magetsi akazima, firiji yosatsegulidwa imasunga chakudya bwino kwa maola pafupifupi anayi. Ngati mulibe firiji, kapena magetsi a kwanuko sadalirika, umitsani buledi yekha madzulo. Zotsalazo muchite m'mawa, musiye buledi amwe kwa mphindi 30 mpaka 45 mukumukanikiza kawiri kapena katatu, kenako muwotche. Chidzakoma ndithu.

Imawotchedwa nthawi yaitali bwanji, ndipo tingadziwe bwanji kuti yapsa?

Tulutsani mbale m'firiji mphindi 30 isanalowe pamoto, makamaka ikakhala yagalasi, chifukwa galasi lozizira likhoza kusweka likakumana ndi kutentha mwadzidzidzi. Tenthetsani uvuni pa madigiri 180. Wazani tchizi wotsala uja, vindikirani ndi foyilo wopaka batala kunsi kwake kuti tchizi asamatirire, n'kuwotcha mphindi 25 mpaka 30. Chotsani foyilo, mupitirize mphindi zina 20 mpaka 25. Kuvindikira kumathandiza pakati kupsa pamwamba pasanapserere, ndipo kuvundukula kumafiiritsa pamwambapo.

Yapsa pamene m'mbali mwatukuka ndi kufiira, pakati sipakugwedezeka ngati madzi mukagwedeza mbale, ndipo mpeni wolowetsa pakati ukutuluka wopanda mkaka. Amene ali ndi chipangizo choyezera kutentha kwa chakudya ayeze pakati penipeni. USDA imati zakudya za mazira zifike madigiri 71, ndipo casserole ifike 74. Poti muno muli nyama, tsatirani 74.

Ikatuluka, ipatseni mphindi 10 mpaka 15 musanadule. Kutentha kotsalira kumamalizitsa pakati, ndipo mazira amakhazikika. Mukadula ikadali yobwadamuka, chidutswa chimagwa pa supuni.

Wopanda uvuni angaiphike?

Angathe, ndipo luso lake n'lomwe amayi amaphikira chigumu pa mbaula: makala ochepa pansi, ochuluka pa chivindikiro. Gwiritsani ntchito poto wachitsulo chokhuthala, mupake batala wambiri, ndipo zosakaniza zisapitirire masentimita asanu kuya kwake. Ndi bwino kuphika theka la muyeso uja, chifukwa chochepa chimapsa mofanana. Vuto lalikulu ndi kupserera pansi, poti mazira ndi mkaka sizipirira moto wachindunji. Pofuna kupewa zimenezi, thirani mchenga woyera m'poto wamkulu, muutenthetse, kenako muikemo poto wamng'ono wa chakudya n'kuvindikira wamkuluyo. Zungulitsani poto pa mphindi 10 zilizonse, ndipo musamavundukule pafupipafupi. Kumapeto onjezerani makala pa chivindikiro kuti pamwamba pafiire.

Ikatuluka yamadzi, youma kapena yopserera, chalakwika n'chiyani?

Madzi pansi pa mbale amachokera kuwiri. Kawirikawiri ndi zakumunda zimene sizinaphwe mokwanira kapena buledi amene sanaume. Koma nthawi zina ndi moto wochuluka: mazira akapsa mopitirira amafinyika n'kutulutsa madzi amene anawagwira. Mukaona timabowo tambiri m'kati ndi madzi oyera m'mbali, dziwani kuti inakhalitsa pamoto. Ikauma, ndiye kuti buledi anachuluka kapena mbale inali yotakata kwambiri moti zosakaniza zinayalika mopyapyala. Pamwamba pakapserera pakati pasanapse, uvuni unatentha kwambiri, foyilo anachoka msanga, kapena manyuchi anathiridwa pamwamba isanalowe pamoto, chifukwa shuga sachedwa kuda.

Nanga amene sadya nkhumba kapena nyama iliyonse?

Soseji ya nkhuku kapena ya ng'ombe imalowa m'malo popanda vuto. Ya nkhuku ili ndi mafuta ochepa, choncho onjezerani supuni ya batala pokazinga anyezi. Nyama yogaya wamba imathekanso mukaithira mchere, tsabola wakuda, sage ndi adyo. Kwa osadya nyama, bowa wokazinga mpaka kufiira ndiye amabweretsa kukoma kolemera kumene soseji ikanapereka. Mumukazinge mpaka madzi ake onse atathe. Masamba a kale kapena sipinachi, ofwafwaza ndi kufinya bwino, amawonjezera kuwawa pang'ono kumene kumaletsa kutsekemera kupitirira malire. Mukachotsa soseji, onjezerani mchere pang'ono ndipo sankhani tchizi wokhwima, waukali. Mtedza wa pecan, umene ndi wachilengedwe ku North America, amauwaza pamwamba mphindi 10 zomaliza. Mtedza wathu wokazinga kapena makadamiya zimachita chimodzimodzi.

Imaperekedwa ndi chiyani, ndipo zotsala zimasungidwa bwanji?

Chakudyachi n'cholemera, choncho chotsagana nacho chikhale chopepuka: saladi ya masamba yothira mandimu kapena viniga, zipatso zodula, khofi kapena tiyi. Ikani patebulo kabotolo ka manyuchi ndi ka tsabola wowawa, kuti aliyense akokere mbale yake kumene lilime lake likufuna. Zotsala zilowe m'firiji pasanathe maola awiri, ndipo zidyedwe m'masiku atatu kapena anayi. Potenthetsa, zifike madigiri 74 pakati. Chidutswa chotenthetsa pa chiwaya ndi batala pang'ono, chovindikira, chimafiira pansi ndipo chimakoma kuposa cha mu microwave.

Kwa amene akuphika koyamba, chofunika kusamala koposa n'chiti?

Lawani zosakaniza mazira asanalowe. Soseji zimasiyana mchere, maapozi amasiyana kuwawasa, mbatata ya munda uno siitsekemera ngati ya munda uja, ndipo palibe muyeso wolembedwa umene ungadziwe zimene zili m'chiwaya chanu. Zonse zikapsa n'kusakanizidwa m'beseni, tengani supuni imodzi yokhala ndi nyama, apozi, mbatata ndi tchizi pamodzi, mudye. Ikamveka yotsekemera kwambiri, chotsani supuni ya manyuchi ija yopita m'mazira, muwonjezere mustard kapena tsabola. Mchere ukaluma, chepetsani wa m'mazira. Ikamveka yozizira, yopanda moyo, finyirani madontho a mandimu. Pa nthawi imeneyi zosakanizazo ziyenera kumveka zokolera pang'ono kuposa momwe mukufunira, chifukwa buledi, mazira ndi mkaka zidzachepetsa mphamvu yake. Mazira akangothiridwa simungalawenso, ndipo uvuni sukonza chimene chalakwika. Umangokhwimitsa chimene mwaupatsa. Mphindi imodzi yolawa ija ndiyo imasiyanitsa chakudya chongokhutitsa ndi chimene alendo amafunsa kaphikidwe kake asanatsanzike.